Filmoteca Española: kodi mafilimu akale angakuonetseni mizinda ya ku Spain mmene inalili?

Amene akufuna kuona mmene Madrid, Barcelona kapena Toledo inkaonekera zaka 100 zapitazo, mabomba, moto ndi anthu omanga nyumba zamalonda asanaisinthe nkhope, ayambe wagogoda pa khomo la Filmoteca Española, nkhokwe ya boma la Spain yosunga mafilimu. Inakhazikitsidwa mu 1953 ndi dzina loti Filmoteca Nacional, ndipo lero imathandiza anthu m'njira zitatu. Ili ndi holo yoonetsera mafilimu ya Cine Doré, ili ndi laibulale ndi malo a ofufuza ku likulu lake mu msewu wa Magdalena ku Madrid, komanso ili ndi zomwe inaika pa intaneti mogwirizana ndi wailesi ya kanema ya boma ya RTVE, zomwe aliyense angaone osalipira. Chigamulo tinene pompano. Ntchito yake ndi yabwino, ndi yotchipa zedi, ndipo wophunzira za zomangamanga kapena mphunzitsi wa mbiri yakale sataya nayo nthawi. Koma amene akupitako akuganiza kuti akapeza filimu yomuzungulitsa tchalitchi chakutichakuti mbali zonse, ndi mitundu yake ndi miyezo yake, abwerako chimanjamanja. Mafilimu oyambirira anasunga misewu ndi mmene anthu ankakhalira pakati pa nyumba zawo. Nyumbazo zinasungika mwangozi, ndipo kuti muziwerenge bwino muyenera kudziwa pamene filimu imanama.

Ngozi imeneyi inayamba pachiyambi penipeni. Makina a kanema a abale a Lumière a ku France anafika ku Madrid mu 1896, ndipo chaka chomwecho wojambula wawo Alexandre Promio anaimika kamera pa Puerta del Sol ndi pa Puerta de Toledo. Mpukutu umodzi unali wa mamita 17, ndipo pa liwiro la tizithunzi 16 pa sekondi unkatha mphindi isanakwane. Munthu wokhala ndi masekondi 50 okha sangawathere pa khoma loima njii. Anthu ankalipira kuti aone zoyenda: ngolo za akavalo, asilikali akuguba, khamu likutuluka m'tchalitchi. Filimu ya Eduardo Jimeno ya anthu akutuluka ku Misa ya masana pa tchalitchi cha Pilar ku Zaragoza ndi chitsanzo chabwino. Tchalitchicho n'chachikulu kodabwitsa, koma maso anu amathera pa zipewa ndi nkhope za anthu odutsana, nyumbayo n'kungooneka pang'ono kumbuyo. Ngakhale chaka chake chinavuta: mabuku anakhala akulemba 1896 kwa nthawi yaitali, mpaka ofufuza anaonetsa kuti ndi ya mu 1899. Mu Zaragoza momwemo munali Torre Nueva, nsanja yopendekeka ya njerwa yomangidwa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1500. Anayamba kuigwetsa mu 1892, kanema asanabwere. Imeneyo musavutike kuifuna m'filimu iliyonse, ili pa zithunzi wamba za ojambula monga Jean Laurent.

Filimu imene imaonetsa bwino kwambiri phindu la zinthu zimenezi ndi Barcelona en tranvía ya Ricardo de Baños, ya mu 1908. Kamera inaikidwa kutsogolo kwa tramu, sitima ija yoyenda m'misewu ya mumzinda, ndipo kwa mphindi zochepa mumakwera nayo msewu wa Passeig de Gràcia, kulowa m'dera la Gràcia, kudutsa pa Lesseps mpaka kumtunda kwa mzinda. Apanjinga akukhotakhota kutsogolo kwa tramu, ana akuthamanga m'mbali mwa njanji, azibambo akuvulira kamera zipewa. De Baños sankaganiza za Antoni Gaudí, katswiri wotchuka wa zomangamanga wa mumzindamo. Komatu nthawi imeneyo, mwa nyumba za Gaudí za mu msewu umenewu, Casa Batlló inali itangomalizidwa mu 1906, Casa Milà inali ikumangidwa, ndipo msewu wonsewo unali pakati pa kusintha. Chimene filimuyi imakupatsani, chomwe mapulani a akatswiri sangakupatseni, ndi kutalika kwa nyumba poyerekeza ndi munthu woima pansi pake, mipata pomwe panalibe nyumba, nsalu zotchinga dzuwa pa mashopu, zikwangwani, mitengo idakali yaing'ono, ndi mmene anthu ankadutsira msewu popanda mantha a galimoto.

Kuti muigwiritse ntchito, musaionere ngati nthano. Tsegulani mapu a Barcelona a lero pambali, ndipo muziimitsa filimuyo pa mphambano iliyonse. M'dera la Eixample, lomwe linayalidwa motsatira pulani ya Ildefons Cerdà, mdadada uliwonse wa nyumba ndi wa mamita pafupifupi 113, ndipo ngodya zake ndi zodulidwa chopingasa. Mukawerenga ngodya zodulidwazo kuchokera pa malo amene mwawazindikira, mumadziwa pomwe tramu yafika ngakhale nyumba zonse za pamenepo zitasintha. Kenako werengani mawindo kuchokera pa ngodya, osati zipinda zosanjikizana, chifukwa nyumba zambiri za ku Barcelona anaziwonjezera zipinda pamwamba m'zaka za pambuyo pake, pomwe mzere wa mawindo sunasinthe. Mukalowa mu Gràcia njira imeneyi imasiya kugwira ntchito, poti kumeneko kunali tauni yapayokha ya misewu yopanikizana. Pamenepo dalirani pokhotera njanji ndi pamene msewu ukufutukuka.

Amene anajambula nyumba mwadala anabwera pang'ono pambuyo pake, ndipo ankagulitsa maulendo kwa anthu a kunja. Segundo de Chomón, wobadwira ku Teruel, anajambulira kampani ya ku France ya Pathé mafilimu aafupi a mizinda monga Burgos, Toledo ndi Girona cha m'ma 1911 ndi 1912. Apa kamera imaima, n'kutembenuka pang'onopang'ono kutsata khoma la tchalitchi kapena mlatho. Awa ndiwo amayandikira chimene wofufuza za nyumba amafuna. Msampha wake uli pa mitundu. Mafilimu otere ankapakidwa utoto ku fakitale ku France, pogwiritsa ntchito mpukutu wina wobooledwa pa mtundu uliwonse, ndipo opaka utotowo sankauona mzindawo ndi maso. Denga lofiirira kapena khoma lachikasu m'filimu ya Girona ndi maganizo a wopaka, osati umboni. Nawonso makoma owala amene alendo amajambula lero m'mbali mwa mtsinje wa Onyar anapakidwa mwatsopano m'zaka za m'ma 1980. Choncho mtundu wa mu filimu ndi mtundu wa lero, yonse iwiri siikuuzani mmene nyumbazo zinalili mu 1912.

Ngakhale filimu yakuda ndi yoyera imanama pa nkhani ya mitundu, ndipo apa ndi pamene anthu ambiri amagwa. Mpaka chakumapeto kwa zaka za m'ma 1920, filimu imene ojambula ambiri ankagwiritsa ntchito sinkaona kuwala kofiira, koma buluu inkamuona mopitirira. Zotsatira zake, njerwa zofiira zimatuluka zakuda bii, thambo limatuluka loyera mbee lopanda mitambo, ndipo matailosi abuluu amaoneka otuwa ngati palibe chojambulidwapo. Kwa dziko ngati Spain, lomwe luso lake lalikulu lili pa njerwa ndi matailosi, limeneli ndi vuto lenileni. Nsanja ya njerwa ya ku Toledo ingaoneke ngati yadetsedwa ndi mwaye pomwe inali yoyera bwino, ndipo khoma la matailosi la ku Sevilla lingaoneke ngati la laimu. Musalembe kuti nyumba inali yakuda kapena yosasamalidwa chifukwa cha filimu ya mu 1915.

Zina zitatu zimalakwika pokopera. Choyamba ndi liwiro. Kamera zakale ankazipukusa ndi dzanja, pa tizithunzi 16 mpaka 18 pa sekondi. Filimu ya 16 ikaonetsedwa pa 24, lomwe ndi liwiro la mafilimu olankhula, zonse zimathamanga ndi theka lowonjezera, ndipo kamera imene inkatembenuka modekha imangoti zwee kudutsa khomo lomwe mumafuna kuona. Njira yake ndi yosavuta: tsitsani liwiro pa chosewerera chanu kufika pa 0.75 ngati filimuyo inali ya 18, kapena pafupi ndi 0.67 ngati inali ya 16, n'kuyang'ana kayendedwe ka munthu wapansi. Akamayenda ngati munthu, mwafika. China ndi kudula m'mbali. Chithunzi cha filimu yosalankhula chinkadzaza mpukutu wa mamilimita 35 kuchokera pa mabowo a mbali ino kufika a mbali inayo, pafupifupi mamilimita 24 chopingasa ndi 18 kuchokera pansi kufika pamwamba. Mawu atabwera, anatenga kamzere ka mbali imodzi, ndipo makope ambiri opangidwa pambuyo pake anataya mbali imeneyo pamodzi ndi kachigawo kapamwamba. Mukaona nsonga ya nsanja yadulidwa kapena mawu olembedwa pa filimu apendekera kumanzere, si wojambula amene analakwitsa, ndi kope lomwe mwapezalo. Chomaliza, mpukutu umatha kuikidwa chagada pokopera, kumanja n'kukhala kumanzere. Yang'anani chikwangwani cha shopu. Zilembo zikatembenuka, msewu wonse watembenuka.

Nanga n'chifukwa chiyani mafilimuwa ndi ochepa chonchi? Mpaka cha m'ma 1951 filimu ya mamilimita 35 inkapangidwa ndi nitrate, chinthu chomwe chikagwira moto sichizimitsika ndi madzi chifukwa chimadzipangira chokha mpweya woyakira. Ikakalamba pamalo otentha imayamba kununkha, chithunzi chimachita chikasu, mpukutu umamatana, ndipo pamapeto pake umasanduka ufa wofiirira ngati fodya wapamphuno. Makampani ankasungunulanso makope akale kuti apezemo siliva. Mu 1945 moto unapsereza labotale ya Riera ku Madrid, momwe munasonkhanitsidwa mafilimu ambiri a nthawi ya nkhondo yapachiweniweni ya ku Spain ya 1936 mpaka 1939. Mbali yaikulu kwambiri ya mafilimu osalankhula a ku Spain inatayika m'njira zimenezi. Filimu ya acetate imene inalowa m'malo mwa nitrate siyaka choncho, koma kutentha ndi chinyezi zikaipeza imatulutsa fungo la viniga, imafota n'kupindika mpaka kukana kulowa m'makina. Osunga mafilimu m'mayiko otentha, kuphatikizapo kwathu kuno, amalidziwa fungo limeneli. N'chifukwa chake Filmoteca inamanga nkhokwe zoziziritsidwa ku Pozuelo de Alarcón, kunja kwa Madrid, komwe mipukutu imasungidwa ndi kukonzedwa. Kumeneko si malo a alendo wamba.

Tibwere ku zomwe mungaone muli pakhomo panu. Mu 2012 RTVE ndi Filmoteca anaika pa intaneti nkhokwe ya NO-DO, nkhani za pa kanema zomwe boma la wolamulira mwankhanza Francisco Franco linkatulutsa sabata iliyonse kuyambira mu 1943 mpaka 1981, ndipo mpaka mu 1975 holo iliyonse inkakakamizidwa kuzionetsa filimu isanayambe. Zilipo zikwi zingapo, iliyonse ya mphindi pafupifupi 10, pamodzi ndi mafilimu ofotokoza za mizinda, zaluso ndi zikondwerero, komanso zidutswa zina zakale za nthawi ya Mfumu Alfonso XIII. Simulipira kanthu kupatula bandulo yanu. Vidiyo yoyenda pa megabiti imodzi pa sekondi imadya mamegabaiti 75 pa mphindi 10, ndiye wogwiritsa ntchito foni asankhe chithunzi chotsika pofufuza, n'kukweza pokhapokha wapeza chimene akufuna.

Apa tinene mosabisa kuti gawo lalikulu la zomwe zili pa intanetizi si la zaka zoyambirira. NO-DO inayamba kanema ali ndi zaka pafupifupi 50. Phindu lake ndi loti inajambula nyumba zambiri zomwe zinagwetsedwa pambuyo pake, m'zaka zomwe Spain inkamanga mwaliwiro. Mwachitsanzo ku Madrid, Hotel Florida ya katswiri wa zomangamanga Antonio Palacios pa bwalo la Callao inagwetsedwa mu 1964. Holo ya masewero ya Frontón Recoletos, yokhala ndi denga lopyapyala la konkire la Eduardo Torroja, inapita mu 1973. Msika wachitsulo wa Cebada unachotsedwa mu 1956, ndipo wa Olavide anauphulitsa ndi mabomba mu 1974. Koma ngati mulemba dzina la nyumba yotere m'kabokosi kofufuzira n'kudikira kuti ikubwerereni, kawirikawiri mudzakhumudwa, chifukwa nkhani zinalembedwa motsatira chochitika, osati malo amene ali kumbuyo. Fufuzani chochitika chimene chinkadutsa pamenepo: ligubo, mpikisano wa njinga, kulandira mlendo wa boma, chipale chofewa chogwa mumzinda, chikondwerero cha Sabata Yoyera. Gran Vía, msewu waukulu wa pakati pa Madrid, imapezeka m'nkhani za alendo a boma chifukwa ankawadutsitsa mmenemo pa galimoto yosatseka pamwamba. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Masekondi asanu amene mukufuna angakhale pakati pa nkhani ya mpira ndi ya mafashoni.

Mayina a misewu nawo ndi msampha. Gran Vía inkatchedwa Avenida de José Antonio kuyambira mu 1939 mpaka 1981, ndipo mayina a mizinda ya ku Catalonia analembedwa m'Chisipanishi: Gerona osati Girona, Lérida osati Lleida. Kumbukiraninso kuti nambala imodzi ya NO-DO nthawi zambiri inkatuluka pawiri, A ndi B, ndipo m'zaka zina za m'ma 1960 panalinso C. Nkhani za mkati mwake zimasiyana, ndiye mukauzidwa nambala popanda chilembo, onani zonse. Zina zinataya mawu ake ndipo zimayenda zii. Kumeneko sikutaya kwenikweni. Wofotokoza wa NO-DO amalankhula Chisipanishi chokhachokha, ndipo ntchito yake inali kutamanda boma. Kamera inkatumizidwa kukajambula mwambo wotsegulira nyumba yatsopano, osati kukalira yakale imene yagwetsedwa. Mabwinja amene inkawakonda ndi omwe ankathandiza nkhani ya opambana nkhondo, monga linga la Alcázar la ku Toledo ndi tauni yakale ya Belchite, yomwe inasiyidwa dala yosamangidwanso pamene yatsopano inatsegulidwa pambali pake mu 1954. Ndipo monga ankachitira onse opanga nkhani za pa kanema, ankatha kutenga chithunzi chakale cha mzinda n'kuchiika m'nkhani yatsopano. Deti la nkhani limangokuuzani kuti chithunzicho sichinajambulidwe pambuyo pa tsiku limenelo.

N'chifukwa chake muyenera kudziwa kupeza chaka kuchokera m'chithunzi momwemo. Ku Madrid magalimoto ankayenda kumanzere, monga timachitira ku Malawi, mpaka mu 1924. Mukaona akuyenda kumanzere ndipo zilembo za zikwangwani zili bwinobwino, filimuyo ndi ya chaka chimenecho chisanadutse. Ku Barcelona lamulo limeneli siligwira, poti kumeneko ankayenda kumanja kuyambira kale. Khomo lolowera ku sitima yapansi panthaka pa Puerta del Sol likutanthauza 1919 kapena pambuyo pake. Ntchito yoboola Gran Vía inayamba mu 1910, n'kugwetsa nyumba mazanamazana, ndipo nyumba yaitali ya Telefónica inamalizidwa cha mu 1929, kotero Gran Vía yopanda nsanja imeneyo ndi ya zaka zapakati pamenepo. Mbendera imathandiza ngakhale popanda mitundu: ya nthawi ya Ripabuliki, kuyambira mu 1931 mpaka 1939, inali ndi mizere itatu yofanana kukula, pomwe ya mafumu ndi ya Franco ili ndi mzere wapakati waukulu kuwirikiza kawiri. Matramu anasiya kuyenda pakati pa Barcelona mu 1971 ndipo ku Madrid mu 1972. Chizindikiro chimodzi chokha musachikhulupirire. Pezani ziwiri zogwirizana.

Zaka za nkhondo yapachiweniweni, 1936 mpaka 1939, ndi pamene kujambula zaluso kunasanduka nkhani ya moyo ndi imfa. Ku Madrid mabomba anagwera pa nyumba yosungiramo zithunzi zopaka ya Museo del Prado mu November 1936, nyumba yaikulu ya Liria ya banja lolemekezeka la Alba inapsa mwezi womwewo, zithunzi zopaka za Velázquez ndi Goya zinanyamulidwa pa malole kupita ku Valencia, kenako ku Catalonia, mpaka ku Geneva mu 1939. Chiboliboli chotchuka cha Cibeles cha pakati pa Madrid chinakwiriridwa ndi njerwa ndi matumba a mchenga. Mbali zonse ziwiri zinkajambula zowonongeka pofuna kuonetsa dziko kuti mnzawoyo ndiye wakhalidwe loipa, ndiye mufunse nthawi zonse kuti kamera inali m'manja mwa ndani. Gawo limeneli ndi lomwe moto wa 1945 unadya kwambiri, ndipo zambiri zomwe zilipo zinapulumuka chifukwa makope ake anali kunja kwa dzikolo.

Kwa amene ali ku Madrid kapena akudutsako, Cine Doré ndiyo mbali yokoma ya ntchito yonseyi. Ili pa nambala 3 mu msewu wa Santa Isabel, pafupi ndi siteshoni ya Antón Martín, moyandikana ndi msika. Nyumbayo payokha ndi chitsanzo cha nkhani yomwe tikukambayi. Inamangidwa mu 1923 motsatira pulani ya Críspulo Moro Cabeza, inatsika n'kukhala holo ya anthu a m'deralo, inatsekedwa mu 1963, ndipo inakhala yosiyidwa mpaka khonsolo ya mzinda inaigula mu 1982. Itakonzedwa inatsegulidwanso mu 1989 ngati holo ya Filmoteca. Khomo lake lofiirira lokhala ndi zipilala zoyera likadalipo, holo yaikulu inabwezeretsedwa monga inalili, pali ina yaing'ono yamakono, ndipo pakhomo pali malo omwera khofi. Tikiti m'zaka zaposachedwapa yakhala ili pa mayuro atatu, ndipo Lolemba satsegula. Ubwino wake waukulu ndi woti filimu yosalankhula amaionetsa pa liwiro lake, chithunzi chonse osadula, nthawi zina ndi woimba piyano pompo. Pa chinsalu chachikulu mumawerenga zikwangwani zomwe pa foni zimangooneka ngati madontho. Chovuta chake n'choti Doré si malo oitanitsa chimene mukufuna. Pulogalamu imatuluka mwezi ndi mwezi, yambiri ndi ya mafilimu a nthano ochokera kumayiko osiyanasiyana, ndipo mafilimu akale a mizinda amabwera mwa apo ndi apo. Onani pulogalamu musanagule tikiti ya ndege. Wofuna filimu inayake alembere gawo la ofufuza nthawi ikadalipo, atchule mutu, chaka ndi cholinga chake, chifukwa si mpukutu uliwonse uli ndi kope loonera.

Dziwaninso kuti Madrid sinasunge zonse. Spain ili ndi nkhokwe za m'zigawo, ndipo pa nkhani ya mizinda zimenezi nthawi zina zimaposa likulu. Za Barcelona ndi za Chomón yambani ndi Filmoteca de Catalunya, yomwe holo zake zili m'dera la Raval ndipo nkhokwe yake ili ku Terrassa. Za Andalucía zili ku Córdoba, za dziko la Basque ku San Sebastián, ndipo Valencia ndi Zaragoza zili ndi zawo. Zojambula za Promio za mu 1896 ndi za a Lumière, ndiye eni ake ali ku France. Wolembera Madrid kufunsa za Girona atha kungotaya masabata.

Pali mafilimu ena amene mungakumane nawo omwe amakopa koma sayenera kuwerengedwa ngati umboni wa nyumba. Esencia de verbena ya Ernesto Giménez Caballero, ya mu 1930, imatenga zikondwerero za m'misewu ya Madrid n'kuzisakaniza ndi zithunzi zopaka za Goya ndi Maruja Mallo. Imasunga chinthu chomwe sichimangidwa ndi njerwa, zisakasa za masiku ochepa, zidole zowomberedwa ndi makina ozungulira, zomwe zinkaphwasulidwa chikondwerero chikatha. Koma zidutswa zake zinalumikizidwa motsatira kakomedwe, ndiye musayese kujambula mapu kuchokera mmenemo. José Val del Omar wa ku Granada anafika patali kuposa apo. Adakali mnyamata anagwira nawo Misiones Pedagógicas, ntchito ya boma la Ripabuliki yoyambira mu 1931 yomwe inkanyamula makope a zithunzi za ku Prado ndi makina a kanema kupita kumidzi. Pambuyo pake, mu Aguaespejo granadino anajambula akasupe a ku nyumba yachifumu yakale ya Alhambra, ndipo mu Fuego en Castilla anawalitsa nyali zophethira pa ziboliboli zamatabwa za Alonso Berruguete ndi Juan de Juni mu nyumba yosungiramo ziboliboli ku Valladolid, mpaka nkhope zosemedwa zaka 400 zapitazo zikuoneka ngati zikupuma. Palibe buku la zithunzi limene lingakuonetseni kuzama kwa mpeni wa wosema ngati mmene kuwala kumeneku kumachitira. Koma mtundu weniweni wa utoto, kukula kwa chibolibolicho ndi pomwe chinaima, zonsezo wazisokoneza dala. Odwala khunyu ndi ena amene kuwala kophethira kumawavuta asamale nayo.

Chenjezo lina ndi la makope amene adzaza pa YouTube, opakidwa mitundu ndi kompyuta, osalazidwa mpaka tizithunzi 60 pa sekondi, ndi phokoso la mabelu ndi ziboda za akavalo lowonjezeredwa. Ndi okoma kuonera, ndipo ndi amene achititsa achinyamata ambiri kudziwa kuti filimu ya tramu ya ku Barcelona iliko. Pa kafukufuku ndi opanda ntchito. Filimu ya tizithunzi 16 ikafika pa 60, pafupifupi zitatu mwa zinayi za zomwe mukuona ndi zopeka za makina. Pulogalamu yonoletsa chithunzi imawongola zokongoletsa zachitsulo za pa khonde, imapeka zilembo pa chikwangwani chomwe sichinkawerengeka, ndipo imapaka njerwa mtundu umene yaganiza. Ngati kope lilibe dzina la nkhokwe imene linachokera, litengeni ngati chojambula cha munthu wina.

Kuonera n'kwaulere, koma kugwiritsa ntchito si kwaulere. Amene akufuna kuika kachidutswa m'filimu yake, m'chionetsero kapena pa kanema ayenera kupempha chilolezo, ndipo mtengo umatengera kutalika kwa kachidutswako, kumene kadzaonetsedwe ndi kwa nthawi yaitali bwanji. Kukalamba kwa filimu sikutanthauza kuti ilibe mwini, chifukwa malamulo a ku Spain amateteza ntchito za amene anamwalira tsiku la 7 December 1987 lisanafike kwa zaka 80 kuchokera pa imfa yawo, ndipo nkhokwe imene inakonza kope ili ndi mawu pa kope lakelo. Polemba kalata yopempha, tchulani mutu kapena nambala ya NO-DO pamodzi ndi chilembo chake, deti, mphindi ndi sekondi yoyambira ndi yothera, ndipo munene ngati mukufuna chithunzi chonse cha 4 kwa 3 chosadulidwa, pa liwiro lake loyambirira. Mukapanda kunena zimenezi mutha kulandira kope lokonzedwera wailesi ya kanema, loyenda pa tizithunzi 25 pa sekondi, nsonga ya nsanja imene mumaifunayo itadulidwa kale.